Tinathawa Mchombo Usanagwe

Ndinkawenga zikhadabo za Oma pamene sewero la pa TV linafika pa nkhani ya khanda.

Oma ndi mayi wa bwana wanga, gogo wa ku Jeremani. Dzina lawo lenileni lilipo, koma m'nyumba muno aliyense amati Oma, ndiye inenso ndimatero. Anabwera ku Dubai kudzacheza kwa mwana wawo, mliri wa korona n'kuwatsekera konkuno. Fulati yathu ili pafupi ndi Festival City, ndipo kale ndege zinkadutsa pamwamba pathu mpaka tinazolowera. Zitasiya kuuluka kunangoti zii. Ine malo akati zii mtima wanga sukhala m'malo.

Bwana ankapitabe kuntchito kudoko la Jebel Ali, choncho dokotala anati asayandikire mayi ake. Akaweruka ankaima pakhomo la chipinda atavala masiki, n'kukweza dzanja. Wololedwa kuwagwira Oma ndinali ine ndekha, chifukwa sindinkatuluka. Lachisanu langa lokwera Metro kupita ku Deira kukaseka ndi amayi anzanga a ku Malawi linathera pomwepo. Tsiku loyamba ndinakasekera kubafa. Ndinati kani azungu nawonso ali ndi otentha ndi ozizira.

Masana tikatha kudya, Oma ankaonera sewero la m'Chijeremani lonena za anthu a kwawo nkhondo yaikulu itangotha. Linkaonetsa mizinda yosweka, amayi akupatsirana njerwa pamzere, amuna akubwerera kwawo ndi mwendo umodzi. Ine Chijeremani sindimva, kupatula mawu othokozera ndi otukwanira, ndipo onsewo ndinaphunzira kwa Oma. Ankandimasulira pang'ono, koma nthawi zambiri ankangokangana ndi TV ngati ikuwamva. Ankati atsikana a m'seweromo tsitsi lawo ndi losamalika kwambiri, pamene iwo pa msinkhu umenewo anali ndi nsabwe.

M'seweromo munali mayi wina wokwatiwa bwino, wa khitchini yowala, amene akamva mwana wa anansi akulira ankatseka mawindo. Tsiku limenelo sewero linabwerera m'mbuyo kuonetsa chifukwa chake. Mayi uja anali kamtsikana, atabisala m'khola, khanda lili m'manja, asilikali akudutsa panja. Khanda linayamba kulira. Dzanja la mtsikana linayamba kukwera.

Ndinawacheka Oma pachala. Magazi anatuluka pang'ono, koma sanandikalipire. Anati nawonso pangolo yawo yothawira nkhondo panali khanda, ndipo analisiya pansi pa mtengo m'mbali mwa msewu. Atatero anapempha tiyi. Nditabwera naye anandifunsa ngati ku Malawi kunachitikapo nkhondo. Ndinati ayi.

Sindinaname. Ku Malawi sikunachitike nkhondo, ndipo pasipoti yanga ndi ya Malawi. Koma ine ndinabadwira tsidya lina la msewu, ku Angonia m'dziko la Mozambiki. Chingerezi changa ndi cha mankhwala ndi zochapa, nkhani iyi sichingainyamule. Ndiye ndikulembera inu ana anga, amene mumangodziwa kuti kwathu ndi ku Ntcheu.

Inali nyengo yozizira, anthu atamaliza kukolola. M'mawa umenewo chifunga chinali chisanachoke. Ine ndinali kuseri kwa nyumba, ndikuchapa nsanza za khanda m'beseni. Ndinali ndisanathe msinkhu. Abambo anali atatengedwa kale, mvula isanathe, kukasenza katundu wa anthu a mfuti, ndipo sanabwerere. Amayi anali m'chikuta ndi mwana wamwamuna wa masiku ochepa.

Inu a m'tauni za chikuta mumangozimva. Mwana akabadwa, iye ndi mayi wake amabindikira m'nyumba mpaka mchombo utagwa. Kenako amamusambitsa mankhwala, kumumeta, n'kumupatsa dzina. Zimenezi zisanachitike, munthu amene akugona ndi mwamuna wake kapena mkazi wake sagwira khandalo. Amati ndi wotentha, ndipo akaligwira alisempha: litupa mapazi ndi masaya, litsokomola, n'kufa. Oligwira ndi mayi wake, nkhalamba, ndi ana ngati ine. Kwathu zimenezi sizinali nthano. Tinkaziopa monga tinkaopera njoka.

Zinayamba kufika ndi ng'ombe. Zinadutsa pabwalo zikuthamanga, popanda woziweta. Kenako cha kusukulu kunamveka ngati chimanga chikuthetheka m'chiwaya. Ndinapitiriza kufinya nsanza. Manja anali asanamve zimene makutu anamva.

Mayi aang'ono, a Lusiya, mng'ono wawo wa amayi, anafika akuthamanga kuchokera kuchitsime. Ndowa analibe. Mwana wawo Tereza, amene anali atangoyamba kuyenda koma akuyamwabe, anali atamusiya kwawo kumtunda kwa mudzi ndi kamlamu kawo. Kumtundako n'kumene kunkafuka utsi. Anaima pakati pa bwalo, phazi lina kuloza kumtunda, lina kuloza kwathu. Kenako anati bambo ake amutenga, n'kuitana amayi kuti atuluke.

Amayi anafika pakhomo n'kuima. Mchombo unali usanagwe. Anayang'ana khanda, anayang'ana utsi. Analiphimba kumutu ndi chitenje, n'kutuluka.

Sitinatenge chilichonse. Ine ndinazindikira tili kudambo kuti nsanza yonyowa ija ndidakali nayo m'manja.

Tinatsika kulowera kumtsinje. Amayi ankayenda atawerama, dzanja lina pamimba. Ine ndinali pambuyo pawo. Ndinaona magazi akutsika mpaka kuchidendene, ndipo pamene apondapo pankatsala chizindikiro. Ndinayamba kufufuta ndi phazi kuti otitsatira asaone. Zizindikiro zinachuluka kuposa phazi langa.

Titafika m'bango amayi anakhala pansi. Anayamwitsa mwana mbali zonse ziwiri mosafulumira, mfuti zikulira kumtunda. Atatha anandiitana, n'kumumangirira pachifuwa panga ndi chitenje chawo. Mfundo anaimanga kawiri. Mwanayo anali wopepuka ngati nkhuku.

"Asamugwire munthu wamkulu, wamva? Ngakhale mayi ako aang'onowa. Iwe wekha."

Mayi aang'ono anagwedeza mutu kuvomereza. Sanakhumudwe. Iwo anali pa banja, Tereza anali atalowa kale kumphasa moti anali atayambanso kugona ndi amuna awo, ndipo ankadziwa okha kuti ndi otentha. Amayi anati tidzipita, akapuma atipeza. Mayi aang'ono anathyola bango n'kuwaphimba nalo. Nditacheuka ndinangoona mapazi awo.

Tinalunjika kum'mawa, kumsewu waukulu wa malire. Njira za anthu sitinayendemo, chifukwa zinkamveka kuti amakwiriramo mabomba. Tinkatsata mapazi a ng'ombe, ndipo tinkaponda pamene ng'ombe yapondapo. Mayi aang'ono ankatsogola. Pakati pa iwo ndi ine ankasiya mpata, kuopa kuti angakhudze mwana mwangozi. Ndikapunthwa ankatambasula manja, n'kuwabweza asanandifike.

"Gwira mutu. Khosi lake silinakhwime."

Mawu amenewo ankawanena tsiku lonselo, mobwerezabwereza.

Dzuwa litapendeka mwana anayamba kufuna bere. Ankatembenuza mutu n'kusakasaka pachifuwa panga pamene panalibe kanthu. Ndinamupatsa chala. Anayamwa, anazindikira kuti ndamunamiza, n'kulira. Nthawi yomweyo bulauzi ya mayi aang'ono inanyowa kutsogolo. Mkaka wa Tereza unali utadzaza, ndipo unkangotuluka wokha ukamva kulira. Anapita kuseri kwa chulu n'kuufinyira pansi. Ndinaona nyerere zikuuzungulira.

Ndinafunsa ngati sitingaufinyire patsamba n'kumumwetsa iwo osamugwira. Anati mkakawo wachokera m'thupi lomwelo, nawonso ndi wotentha.

M'munda wina tinapeza misale yotsalira. Ndinkatafuna, kulavulira madzi ake pansanza ija, n'kumudonthezera mkamwa. Ena ankameza, ambiri ankatsikira m'khosi. Usiku tinagona m'chisakasa cholondera anyani. Kunazizira kwambiri. Ine ndinkanjenjemera, ndipo mayi aang'ono anagona chondifulatira, msana wawo utakhudza wanga, kuti andifunditse popanda kukhudza mwana.

M'mawa ndikumupukuta, kanthu kakuda kouma kanagwera pantchafu panga. Unali mchombo. Ukanagwera kwathu, amayi akuluakulu akanalulutira, ndipo mwana akanalandira dzina tsiku lomwelo. Mayi aang'ono anauyang'ana ali chapatali. Anandiuza kuti ndikumbe ndi kamtengo n'kuukwirira. Uli mumzere wa munda wa munthu amene sindimudziwa.

Tsiku limenelo mwana anachepetsa kulira. Ndinayamba ndakondwera. Kenako ndinaona kuti liwombo lake lalowa, milomo yauma, ndipo nsanza sakunyowetsanso. Ndinkaima pafupipafupi n'kuika tsaya langa pamphuno pake. Ndinkachita mantha akalira, ndinkachitanso mantha akakhala chete.

M'sewero la Oma zoopsa zikayandikira pamalira nyimbo yochenjeza, ndipo Oma amatukwana woimbayo. Amanena zoona. Ife chimene tinamva ndi mbuzi.

Tinali m'chigwembe chokumbidwa ndi madzi a mvula, tikufunafuna pokwerera. Pamwamba pake pankadutsa njira. Mbuzi inalira, kenako mawu a mwamuna akulamula. Mayi aang'ono anandikokera pansi pa mizu ya mtengo imene inalendewera m'chigwembemo. Anandikoka tsitsi, chifukwa mwana anali kutali ndi tsitsi.

Nkhope zawo sindinazione. Ndinkaona mapazi okha kupyolera m'mizu. Ena anali ndi majombo, ena nsapato za matayala, wina jombo phazi limodzi lokha. Pakati pawo panali mapazi opanda nsapato, oyenda mokhwekhwereza, a anthu osenzetsedwa matumba. Ena anali mapazi a amayi. Mzerewo unali wautali, ndipo dothi linkagumukira pamutu pathu.

Apo mwana anadzuka. Anayamba ndi kudzinyongola, nkhope n'kukwinyika. Ndinamupatsa chala, anachikana. Ndinamupatsa nsanza, inali itauma. Anatsegula pakamwa, ndipo kulira koyamba kunatuluka kochepa, ngati kwa mwana wa mphaka. Anakoka mpweya kuti alire kwenikweni.

Dzanja langa linakwera lokha. Nkhope yake inali yaing'ono kwambiri, moti chikhatho changa chinaphimba pakamwa ndi mphuno zomwe. Ndinamva mpweya wake wofunda ukukankha dzanja langa.

Mayi aang'ono anandigwira pamkono n'kulichotsa. Anaika pakamwa pawo pakhutu langa.

"Ndipatse."

"Amayi anakana."

"Ndikudziwa. Ndipatse."

Mfundo ija inakana kumasuka. Anailuma ndi mano. Atamutenga mwana anatsinzina, ndipo ndinamva akunong'ona, osati kwa ine ayi: "Achemwali, mundikhululukire. Akafa ndamupha ndine."

Mwana anagwira bere nthawi yomweyo. Ankameza mwaphokoso, ndipo kwa ine phokosolo linali lalikulu kuposa kulira. Pamwamba pathu munthu wina anaima. Ndinaona majombo atatembenukira kuchigwembe. Anakodza, mkodzo n'kudutsa pamizu kufika paphewa langa. Sindinasunthe. Mbuzi ija inaliranso, wina anaitukwana, ndipo majombo anapitiriza ulendo.

Ndinkaopa zinthu ziwiri nthawi imodzi. Ndinkaopa anthu a pamwamba aja, ndipo ndinkaopa mkaka umene unkalowa mwa mlongo wanga. Ndinkayang'ana masaya ake, kudikira kuti ayambe kutupa ine ndikuona.

Mapazi atatha tinakhalabe momwemo nthawi yaitali. Mwana anagona bere lili mkamwa. Ndinatambasula manja kuti andibwezere. Mayi aang'ono anati zachitika kale, n'kumumangirira pachifuwa pawo. Manja anga anakana kuwongoka. Ndinayenda nawo opindika choncho, ngati ndanyamulabe kanthu.

Mawa lake la tsiku limene ndinawacheka Oma chala, ndinawafunsa za khanda la m'sewero. Anati silinadzuke, ndipo mayi uja anakalamba osauza ngakhale mwamuna wake. Anandiyang'ana nthawi yaitali pamwamba pa magalasi awo. Sanandifunse kanthu, ndipo ndinawathokoza mumtima. Sewerolo tinalionera limodzi mpaka kumapeto, koma likafika pa zothawa ine ndinkapita kukapinda zovala.

Msewu tinaufika dzuwa lisanalowe, cha ku Lizulu. Ndinkaganiza kuti malire ndi chinthu chachikulu, cha mpanda ndi asilikali. Unali msewu wa tala basi. Tsidya linalo amayi ankagulitsa tomato, kabichi ndi mbatatesi zounjika m'ndowa. Bambo wina ankakazinga tchipisi. Wailesi inkaulutsa mpira. Tinadikira basi idutse, n'kuwoloka.

Ndinapsa mtima. Mayi wina ankakangana ndi wogulitsa kuti amuwonjezere tomato mmodzi, ndipo ndinafuna kumugubuduzira mulu wonsewo m'ngalande. Utsi wa kwathu unkaonekera pomwepo, kuseri kwa phiri. Koma ndi mayi yemweyo amene anatiyang'ana mapazi, n'kutigulira thobwa, n'kufunsa ngati tabwera tokha.

Mayi aang'ono sanamwe. Anakhala m'mphepete mwa ngalande, n'kumuvundukula mwana pamiyendo pawo. Anamuyang'ana masaya. Anatenga phazi lake n'kukanikiza ndi chala chachikulu, kuti aone ngati patsale dzenje monga zimakhalira ndi wotupa. Anakanikizanso linalo. Panalibe kanthu. Anati nthenda imeneyi siifulumira.

Anatipatsa malo m'mudzi wina wa kufupi, pamodzi ndi ena othawa. Masiku onse ndinkapita kumsewu kukayang'ana owoloka. Ndinkayamba kuyang'ana mapazi, kenako nkhope. Amayi sanabwere. Amuna ena amene anazemba kubwerera kumudzi anati bango lonse la kumtsinje linapsa.

Amuna awo a mayi aang'ono anafika mwezi utatha, ali okha. Tereza sanamupeze, kamlamu kaja sikanapezekenso. Mayi aang'ono anamva zimenezi mwana ali kubere. Sanamuchotse.

Kuyambira tsiku la m'chigwembe lija sanagonenso pamphasa ya amuna awo. Ankati aziziritse thupi, mwina mwana angapulumuke. Anamusambitsa mankhwala onse amene anauzidwa. Akatsokomola kamodzi, iwo tsiku limenelo sankadya. Amuna awo anapirira chaka, kenako anakakwatira kwina, ndipo mayi aang'ono sanawatsatire. Mwana wina sanaberekenso.

Dzina anamupatsa ndi iwo. Mwanayo ndi amalume anu a Limbani, omwewa oyendetsa lole, amene pakhomo amalowa chowerama. Agogo anu a ku Ntcheu amene mumawatchula kuti amayi anga ndi a Lusiya. Amayi anga ondibereka dzina lawo linali Veronika, ndipo manda awo kulibe.

A Lusiya maso anachita khungu tsopano. Pa nthawi ya mliri Limbani anakawaona, n'kundiimbira pa vidiyo kuti ndiwalonjere. Anaima patali atavala masiki monga ankalangizira a chipatala. Iwo anamva mawu ake, n'kumuuza kuti asiye zamasewera, asendere pafupi, avule nsapato. Bambo wa ana anayi anakhala pansi pakhonde n'kuvula. Anapapasa mpaka anapeza phazi lamanja, n'kukanikiza ndi chala chachikulu. Anadikira pang'ono, n'kupapasanso pomwepo. Anatero ndi lamanzere. Kenako anamuuza kuti avale.